Chiboliboli cha Mlakatuli Amene Anapirikitsidwa Kwao

Mu mzinda wa Florence, m'dziko la Italy, muli bwalo lalikulu lotchedwa Piazza Santa Croce. Dzinali linachokera ku tchalitchi cha Mtanda Woyera chimene chili kumapeto kwa bwalolo, cha ansembe a chipani cha Fransisko Woyera. Munthu akaima pabwalopo nkupenya tchalitchicho, chakudzanja lake lamanzere, pafupi ndi makwerero, amaona chiboliboli chachitali cha mwala woyera mbee. Ndi mwamuna wa mphuno yaitali, wovala mkanjo wofika kumapazi, kumutu ali ndi nkhata ya masamba, buku lili m'manja, ndipo m'mbali mwa miyendo yake muli chiwombankhanga. Chimene chimadabwitsa alendo ndi nkhope yake. Ziboliboli za anthu otchuka kawirikawiri zimaoneka zofatsa, koma ichi chinachita tsinya ngati munthu amene wangochoka kumene pabwalo la milandu, mlandu utamuipira.

Munthuyo ndi Dante Alighieri, mlakatuli wamkulu wa Ataliyana. Ndati ndikufotokozereni, anzanga, mbiri ya chiboliboli chimenechi chifukwa ili ndi zodabwitsa zake. Mzinda umene unachiimika ndi womwewo umene unaweruza mwini wakeyo kuti atenthedwe wamoyo. Ndipo ngakhale lero mafupa ake sali ku Florence.

Dante anabadwira ku Florence m'chaka cha 1265. Masiku amenewo dziko la Italy monga tikulidziwira lero kunalibe. Mzinda uliwonse waukulu unali ngati dziko paokha, wokhala ndi boma lake, ndalama zake ndi asilikali ake, ndipo nkhondo pakati pa mizinda sizinkakata. Mkati mwa Florence momwemo munali magulu awiri odana, Oyera ndi Akuda. Mainawa sakunena za khungu ai, anali maina a zipani chabe. Akuda ankagwirizana ndi Papa Boniface VIII amene ankafuna kukhala ndi mau pa ndale za mzindawo, pamene Oyera ankafuna kuti mzinda uzidzilamulira wokha. Dante anali wa Oyera. M'chaka cha 1300, kuyambira pa 15 Juni mpaka pa 15 Ogasiti, iye anali mmodzi mwa akuluakulu 6 oyendetsa mzinda. Pa miyezi iwiri imeneyo akuluakuluwo anathamangitsa mumzinda atsogoleri a magulu onse awiri pofuna kudzetsa bata. Mmodzi mwa othamangitsidwawo anali Guido Cavalcanti, mlakatuli mnzake wa Dante wa ponda apa nane mpondepo, amene anakadwala malungo komwe anapitako namwalira chaka chomwecho. Tsono Dante ankadziwa bwino lomwe tanthauzo la kupirikitsa munthu kwao zisanamugwere iye mwini.

Kumapeto kwa 1301 mzinda unamutuma ku Roma kuti akakambirane ndi Papa. Iye ali komweko, Charles wa ku Valois, mbale wake wa mfumu ya ku France, analowa mu Florence ndi asilikali ponena kuti wabwera kudzayanjanitsa anthu. Kuyanjanitsako sikunaoneke. Akuda analanda boma nayamba kufunkha nyumba za Oyera. Pa 27 Januwale 1302 bwalo linazenga mlandu wa Dante iye kulibe, nkumupeza wolakwa pa mlandu wa katangale ndi ziphuphu. Anamulamula kuti alipire ndalama za kumeneko zokwana 5,000, akhale kunja kwa mzinda zaka ziwiri, ndiponso asadzakhalenso pa udindo uliwonse. Poti iye sanabwere kudzalipira, pa 10 Malichi chaka chomwecho chigamulo chinakula: akangoponda mu Florence nkugwidwa, atenthedwe mpaka afe.

Kuchokera pamenepo anakhala woyendayenda zaka 19, kudya kwa eni ndi kugona kwa eni. Mkazi wake Gemma Donati anatsala ku Florence. Ku Verona anasungidwa ndi banja lolamula la Della Scala, ndipo pambuyo pake ku Ravenna anasungidwa ndi Guido Novello da Polenta. M'chaka cha 1315 a ku Florence anati othawa angathe kubwerera malinga alipire chindapusa ndi kuyenda pamaso pa anthu ngati olapa. Dante anakana, poti kutero kukanakhala kuvomera mlandu umene iye ankaukana. Akwao anakwiya nagamulanso kuti adulidwe mutu, pamodzi ndi ana ake aamuna.

Ndi m'zaka zowawazi m'mene analemba buku limene chiboliboli chija chagwira, ndakatulo yaitali yotchedwa Commedia, imene pambuyo pake anthu anaitcha Divina Commedia. Ili ndi zigawo 100 ndi mizere 14,233, ndipo imafotokoza ulendo wa mlembiyo kudutsa ku Gehena, ku Purigatorio mpaka ku Paradizo. Anthu ophunzira a nthawi imeneyo ankalemba nkhani zikuluzikulu m'Chilatini. Dante Chilatinicho ankachidziwa, ndipo mabuku ena analembadi m'Chilatini, koma ndakatulo iyi anailemba m'chiyankhulo cha kwao ku Tuscany, chimene amayi ankayankhula pamsika. Ife amene timatuluka thukuta ndi Chilatini m'kalasi tingathe kumvetsa mmene anthu wamba anakondwera. Chiyankhulo chimenecho ndicho chinadzakhala maziko a Chitaliyana cha lero. Koma musaganize kuti anawalembera zokoma akwaowo. Ku Gehena kwakeko anaikako anthu ambiri a ku Florence, kuwatchula maina enieni, ndipo mzindawo anaudzudzula mosapsatira.

Mu Sepitembala 1321, atabwerako ku Venice kumene anatumidwa ndi mkulu wa ku Ravenna, Dante anadwala malungo namwalira ali ndi zaka 56. Anaikidwa ku Ravenna komweko, pa tchalitchi cha a chipani cha Fransisko Woyera.

Sipanapite nthawi yaitali kuti a ku Florence aone chimene anataya. Ndakatulo ija inafala m'mizinda yonse, anthu nkumaikopera pamanja. M'chaka cha 1373 boma la mzindawo linalemba ntchito mlembi wina wotchuka, Giovanni Boccaccio, kuti aziwerenga ndi kumasulira Commedia pamaso pa anthu m'tchalitchi. Taonani, boma lomwe lija linafuna kutentha mlembi tsopano likulipira munthu kuti aziphunzitsa buku lake! Kenaka anayamba kupempha mafupa. Anapempha m'chaka cha 1396, napemphanso kangapo m'zaka zotsatira, koma a ku Ravenna ankangokana. Ine ndikuona kuti anali ndi mfundo, pakuti amene anamupatsa pogona ali moyo ndi iwo, amene analira maliro ndi iwo.

Mwai wa Florence unaoneka ngati wafika m'chaka cha 1519. Papa wa nthawi imeneyo, Leo X, anali mwana wa ku Florence wa banja la Medici, ndipo Ravenna inali pansi pa ulamuliro wa Papa. Akuluakulu anamulembera kalata yopempha, mmisiri wotchuka Michelangelo nasainira nawo ndi kulonjeza kuti manda adzawasema yekha. Papa analola. Koma akuluakulu anati fupa lokakamiza limaswa mphika. Nthumwi zitafika ku Ravenna ndi kutsegula bokosi la mwala, zinapeza mafupa mulibe. Amonke aja anali ataboola khoma kuchokera mkati mwa nyumba yao, nkusolola mafupawo mwakachetechete ndi kuwabisa. Nthumwi zinabwerera chimanjamanja.

Patapita zaka mazana atatu a ku Florence anangoganiza zomanga manda ngakhale popanda maliro. Mkati mwa tchalitchi cha Santa Croce, momwe munagona Michelangelo, Galileo ndi Machiavelli, mmisiri Stefano Ricci anamaliza chiliza chachikulu cha Dante m'chaka cha 1829. Chilipo mpaka lero, ndipo alendo ena amaima pamenepo mwaulemu osadziwa kuti mkatimo mulibe kanthu.

Tsopano tifike pa chiboliboli chenichenicho. Amene anachisema ndi Enrico Pazzi, ndipo choseketsa nchakuti iyeyu kwao kunali ku Ravenna. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1850 anaganiza zosemera mzinda wa kwao chiboliboli cha Dante, koma akuluakulu a kumeneko sanavomere. Kuti timvetse chifukwa chake tiyenera kuona mmene Italy inalili. Dzikolo linali lidakali logawikana. Kumpoto mbali ina inkalamulidwa ndi Austria, pakati panali maiko a Papa kuphatikizapo Ravenna, kumwera kunali ufumu wina. Anthu ambiri, makamaka achinyamata, ankalimbana kuti Italy ikhale dziko limodzi lodzilamulira, ndipo Dante anamutenga ngati kholo lao. Iye ndiye anawapatsa chiyankhulo chimodzi, ndiponso m'chigawo cha 6 cha Purigatorio anadzudzula Italy mwaukali chifukwa cha kugawikana ndi kumenyana kwa ana ake. Dante wa nthawi yokalipayo ndiye amene Pazzi anafuna kusema. Nchifukwa chake nkhope ija ili ndi tsinya. Chiboliboli chotere, pa nthawi yotere, aliyense akanadziwa chimene chikunena, ndipo olamula sakanachikonda.

Zinthu zinasintha msanga. M'chaka cha 1861 Ufumu wa Italy unakhazikitsidwa, mfumu yake Victor Emmanuel II. M'chaka cha 1865 likulu linasamuka ku Turin kupita ku Florence, ndipo chaka chomwecho zinakwana zaka 600 chibadwire Dante. Anthu anasonkha ndalama, Pazzi nasema chiboliboli chake pa mwala wa nsangalabwi wochokera ku Carrara. Anachikhazika pa tsinde lalitali pakati penipeni pa bwalo la Santa Croce. Pa ngodya zinayi za tsindelo pali mikango inayi, chizindikiro chakale cha Florence, ndipo mkango uliwonse wagwira chishango cholembedwa dzina la buku lina la Dante: Vita Nuova, Convivio, De Vulgari Eloquentia ndi De Monarchia. Kuzungulira tsindelo anasemapo zizindikiro za mizinda 40 ya mu Italy.

Mwambo wovundukula unachitika pa 14 Meyi 1865, mfumu ili pomwepo, ndipo chikondwerero chinatenga masiku atatu. Nthumwi za mizinda, masukulu ndi mabungwe zinayenda mumsewu ndi mbendera zao. Mbendera za Roma ndi Venice anazikuta ndi nsalu zakuda ngati za pamaliro, chifukwa mizinda iwiriyi inali isanalowe mu ufumu watsopano. Venice inadzalowa mu 1866, Roma mu 1870. Tsiku lomwelo a ku Verona, amene anali adakali pansi pa Austria, anavundukulanso chiboliboli chao cha Dante, koma iwo anachita mbandakucha kusanayere, poopa kuti pangabuke chipolowe ndi olamula.

Chimene ine chandigwira mtima ndi mau amene analemba patsinde. Ndi ochepa kwambiri. Amangonena kuti chiboliboli nchoperekedwa kwa Dante Alighieri kuchokera kwa Italy, kenaka chaka. Dzina la Florence monga wopereka palibe, za kupirikitsidwa kwake palibe, mau opepesa palibe. Mwa kuona kwanga chiboliboli ichi sichinali chipepeso. Dziko latsopano, la anthu amene ambiri a iwo sankamvana nkomwe poyankhula, linkasowa munthu mmodzi woti aliyense amuloze nkunena kuti uyu ngwathu, ndipo linamupeza mwa Dante. Akanakhala kuti adzuka tsiku limenelo mwina akanadabwa, chifukwa chimene iye ankalakalaka sichinali ufumu wa Italy wokha, koma mfumu yaikulu imodzi yosungitsa mtendere pa maiko onse. Chiwombankhanga chija chikukumbutsa za ufumu wakale wa Aroma umene iye ankaulota.

Pano pali nkhani imene ikutikhudza ife a Eklezia, ndipo sibwino kuilumpha. Buku la De Monarchia, limene dzina lake lili pa chishango cha mkango, limaphunzitsa kuti mphamvu za mfumu zimachokera kwa Mulungu mwachindunji, osati kudzera mwa Papa. M'chaka cha 1329 Kadinala wina analamula kuti litenthedwe poyera ku Bologna, ndipo pambuyo pake linaikidwa pa mndandanda wa mabuku oletsedwa mpaka 1881. Ndiye kuti pa tsiku la mwambo lija bukulo linali lidakali loletsedwa, Papa Pius IX anali asakuuvomereza ufumu watsopano, ndipo ambiri mwa okondwererawo ankamutama Dante ngati mdani wa Apapa. Nzoona kuti ku Gehena kwake anaikako Papa Nicholas III chifukwa cha kugulitsa maudindo a mu Eklezia, nasungiranso malo Boniface VIII. Koma mkangano wake unali wa ndalama ndi ulamuliro wa pansi pano. Chikhulupiriro sanachitaye. Ndakatulo yomweyo chigawo chake chomaliza chimayamba ndi pemphero kwa Maria Virigo. Apapa a pambuyo pake anazindikira zimenezi. Benedict XV anamulembera kalata yomutama m'chaka cha 1921, Paul VI mu 1965 natumizanso mtanda wagolide ku manda ake, ndipo Papa Francis anachita chimodzimodzi ndi kalata yake ya pa 25 Malichi 2021, zitakwana zaka 700 chimwalirire. Tingati Eklezia nayo inayenda njira yomwe ija ya Florence.

Tibwerere ku mafupa, chifukwa chaka cha 1865 chinali chisanathe zodabwitsa zake. Chaka chapambuyo pake chisanafike chikondwerero, mu 1864, a ku Florence anapemphanso mafupa ndipo a ku Ravenna anakananso. Komatu okanawo nawonso mafupawo analibe! Amonke aja ankasungirana chinsinsi mibadwomibadwo. M'chaka cha 1677 mmodzi wa iwo, Antonio Santi, anaika mafupawo m'kabokosi kamatabwa nalembapo kuti ndi a Dante. M'chaka cha 1810 boma la Napoleon litatseka nyumba yao, iwo asanachoke anamatira kabokosiko m'khoma, ndipo patapita zaka panalibenso wodziwa malowo. Tsono pa 27 Meyi 1865, patangopita masiku 13 chivundukulire chiboliboli ku Florence, mmisiri womanga amene ankagumula khoma lakale pafupi ndi manda ku Ravenna anagunda thabwa. Anali kabokosi kaja. Madokotala anayeza mafupawo, anthu anabwera kudzawaona, kenaka anawabwezera m'manda ake. Motero m'mwezi umodzi womwewo Florence inalandira mwala, Ravenna inapezanso munthu wake.

Chiboliboli chinakhala pakati pa bwalo zaka zoposa 100. Pa 4 Novembala 1966 mtsinje wa Arno unasefukira nkumiza mzinda, ndipo dera la Santa Croce, poti ndi lotsika, linali mwa madera amene anaonongeka koposa. Madzi osakanizika ndi matope ndi mafuta anakwera kupitirira mamita 4, nalowa m'tchalitchi nkuononga mtanda wakale wojambulidwa ndi Cimabue. Dante anaima chiimire pa tsinde lake madzi atamuzinga. Chimene madzi analephera anachita ndi anthu: m'chaka cha 1968 anachichotsa pakati paja, ndipo pambuyo pake anachiimika pambali pa makwerero a tchalitchi pamene chili lero.

Chimodzi mwa zifukwa zake chidzakuseketsani inu okonda mpira. Pa bwalo limeneli pamaseweredwa mpira wakalekale wa ku Florence wotchedwa calcio storico. Amathira mchenga bwalo lonse, mbali iliyonse kumakhala anthu 27, masewero amatenga mphindi 50, ndipo kugwira mpira ndi manja, kugwetsana ngakhale nkhonya zimene nzololedwa. Matimu ndi anayi, oimira madera anayi a mzinda, ndipo ndime yomaliza imachitika pa 24 Juni, tsiku la Yohane Mbatizi, nkhoswe ya mzindawo. Anthu a kumeneko amanyadira kuti m'chaka cha 1530 makolo ao anasewera mpirawu pa bwalo lomweli adani atazinga mzinda, pofuna kuwanyogodola. Mwala waukulu pakati pa bwalo la masewero sukanatheka. Ena amati uku kunali kumupirikitsa Dante kachiwiri. Ine sindikuona choncho kwenikweni, chifukwa pamene waima tsopano ndi pokwera, pakhomo penipeni pa tchalitchi, ndipo aliyense wolowa amadutsa pansi pa tsinya lake.

Nanga chigamulo chija cha 1302? Chinakhala m'mabuku osafafanizidwa mpaka chaka cha 2008, pamene khonsolo ya mzinda wa Florence inavota kuti chichotsedwe, patapita zaka 706. Ngakhale pamenepo sanavomereze onse, makhansala ena anatsutsa. Mafupa ali ku Ravenna, m'kanyumba kakang'ono ka manda kamene kanamangidwa m'zaka za 1780 ndi 1781. Pa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse anawatulutsanso nkuwakwirira pansi pa mulu wa dothi m'munda wa pafupi, kuyambira 1944 mpaka 1945, poopa mabomba. M'kanyumbako mumalendewera nyali imene imayaka usana ndi usiku. Mwambo wake unayamba m'chaka cha 1908: chaka ndi chaka, Lamulungu lachiwiri la mwezi wa Sepitembala, nthumwi za ku Florence zimapita ku Ravenna zitanyamula mafuta a azitona ochokera m'mapiri a kwao, kukathira mu nyaliyo.